Mayi wa valavu yachitsulo, sinamoni ndi INR ya 8.4: lipoti la nkhani ya ku Chipata

Lipotili ndalembera anzanga a m'mafamase, anamwino, ma clinical officer ndi madokotala a mano a kuno kum'mawa kwa Zambia, amene timalandira odwala omwa warfarin, mankhwala oletsa magazi kuundana, popanda kiliniki yapadera yowatsata. Ndimagwira ntchito ya zamankhwala pa chipatala china mu Chipata, ndipo nkhaniyi ndi ya mayi amene moyo wawo unalowa pangozi kawiri m'miyezi iwiri: poyamba magazi awo analephera kuundana, kenaka anatsala pang'ono kuundana pa valavu ya mtima. Maulendo onse awiri, chimene chinasokeretsa anthu ndi dzina lakuti coumarin, limene limatchulidwa pa zinthu zambiri zosiyana kotheratu zochita zake m'thupi.

Mbiri ya wodwalayo

Mayiwa ali ndi zaka 46, amalemera makilogalamu 62, ndipo amagulitsa salaula pa msika wina mu tauni. Ali mtsikana anadwala matenda a mtima oyamba ndi zilonda zapakhosi zosachizidwa bwino, amene timawatchula kuti rheumatic heart disease, ndipo zaka 8 zapitazo anawaika valavu ya mitral yochita kupanga, imene anthu amangoti yachitsulo. Kuyambira pamenepo akhala akumwa warfarin wa 5 mg tsiku lililonse, ndipo INR yawo, nambala yoonetsa mmene magazi akuchedwera kuundana, imayenera kukhala pakati pa 2.5 ndi 3.5. Kwa munthu wa valavu yotereyi mankhwala atsopano oletsa kuundana kwa magazi salowa m'malo mwa warfarin. Kafukufuku wa RE-ALIGN wa mu 2013, amene anayesa dabigatran pa anthu a mavalavu achitsulo, anaimitsidwa nthawi isanakwane chifukwa sitiroko ndi kutaya magazi zinachuluka. Choncho mayiwa adzamwa warfarin moyo wawo wonse, ndipo buku lawo la INR linkaonetsa kuti ankasamala kwambiri.

Chaka chatha anapezeka ndi matenda a shuga ndipo anayamba metformin. Mu Febuluwale mnzawo wa ku chigwirizano cha amayi anawalangiza kuti azimwa ufa wa sinamoni m'madzi ofunda kuti shuga atsike, ndipo anayamba kumwa masupuni ang'onoang'ono 2 tsiku lililonse, imodzi m'mawa, ina madzulo.

Zimene zinapezeka pa tsiku loyamba

Anabwera kumayambiriro kwa Juni nkhama zikutuluka magazi kwa masiku 2, ali ndi mabala akuda a magazi ogwera mkati pa ntchafu ndi pa mkono, ngakhale kuti sanagunde paliponse. Mutu sunkawapweteka, chimbudzi sichinali chakuda, mkodzo unali woyera, BP inali 128/78, ndipo kulira kwa valavu kunkamveka bwino. INR inatuluka 8.4, hemoglobin 11.2, ma platelet (tizidutswa ta m'magazi tothandiza kuundana) ali bwino, impso zili bwino. ALT, muyeso umene umakwera chiwindi chikavulala, inali 142, kuposa katatu malire ake, koma miyeso ina ya chiwindi, bilirubin ndi albumin, inali m'malire. Hepatitis B ndi HIV sizinapezeke.

Warfarin anaimitsidwa ndipo anapatsidwa vitamini K wa 2 mg, amene amachepetsa mphamvu ya warfarin, pang'onopang'ono mu mtsempha. Mlingo wochepawu unasankhidwa dala. Vitamini K wa 10 mg akanatsitsa INR msanga, koma akanachititsa kuti warfarin asagwire kwa masiku ambiri pambuyo pake, ndipo valavu yachitsulo ya mitral ndi imene imaundana magazi mosavuta kuposa ya aortic. Popeza kutaya magaziko kunali kochepa ndipo kunali pa malo ooneka, plasma sanafunike.

Pofunsidwa ngati amamwa mankhwala azitsamba, mayiwa anatchula sinamoni, ndipo m'fayilo munalembedwa kuti INR yakwera chifukwa cha coumarin wa mu sinamoni amene waphatikizana ndi warfarin. Dongosolo linali lakuti asiye sinamoni, INR ikatsika ayambirenso warfarin, apite kwawo. Maganizo amenewa ndi omveka, chifukwa m'mabuku athu warfarin amalembedwa m'gulu la coumarin anticoagulants, ndipo sinamoni wa m'masitolo alidi ndi coumarin wambiri. Fayiloyo itafika ku famase, chimene chinandiimitsa ndi buku la INR: mu Epulo, mayiwa atamwa kale sinamoni kwa miyezi 2, INR yawo inali 3.1. Chinthu chimene munthu wakhala akumwa mofanana kwa miyezi 4 sichingakhale chifukwa chokwanira cha INR imene yalumpha m'masabata ochepa. Panali china chatsopano chimene chinali chisanatchulidwe.

Chifukwa chake coumarin wa mu sinamoni si warfarin

Coumarin weniweni ndi kanthu konunkhira kopezeka m'zomera zambiri. Anamupeza koyamba August Vogel mu 1820 m'njere za tonka za ku South America, ndipo dzinalo linachokera ku dzina la mtengowo, coumarou. Kanthu kameneka sikaletsa magazi kuundana. Mbiri yakuti kamasungunula magazi inachokera ku ng'ombe za ku Canada ndi kumpoto kwa United States, zimene m'zaka za m'ma 1920 zinkafa ndi kutaya magazi zikadya udzu wa sweet clover wosungidwa. Dokotala wa ziweto Frank Schofield anaonetsa kuti udzu wopha ng'ombe ndi wokhawo umene wachita chuku. Nkhungu za mtundu wa Aspergillus ndi Penicillium zimasintha coumarin wa mu udzuwo kukhala 4-hydroxycoumarin, ndipo ziwiri za zimenezi zikalumikizana pamatuluka dicoumarol, amene gulu la Karl Paul Link la pa University of Wisconsin linamupatula mu 1939. Kuchokera pa ntchito imeneyo anapanga warfarin, amene anayamba kugulitsidwa ngati mankhwala a makoswe mu 1948 ndi kuvomerezedwa kwa anthu mu 1954.

Kuti chinthu cha m'banja limeneli chitseke enzyme yobwezeretsa vitamini K m'chiwindi, ndi kuchepetsa ma factor II, VII, IX ndi X, amene amathandiza magazi kuundana, chimayenera kukhala ndi hydroxyl pa malo a nambala 4 komanso nthambi yaikulu pa malo a nambala 3. Coumarin wa mu sinamoni alibe zonse ziwiri, ndipo thupi la munthu silimusandutsa dicoumarol. Enzyme ya CYP2A6 imamusintha kukhala 7-hydroxycoumarin, amene amatuluka mu mkodzo. Ngozi yake yodziwika ili pa chiwindi cha anthu ena, ndipo n'chifukwa chake bungwe la ku Ulaya loona za chitetezo cha chakudya, EFSA, linaika mu 2004 malire a 0.1 mg pa kilogalamu iliyonse ya thupi pa tsiku. Sinamoni wa mtundu wa cassia, amene ndi wotchipa ndipo ndiye wofala m'mapaketi, amakhala ndi coumarin pafupifupi 3 mg pa galamu, ngakhale kuti zimasiyana paketi ndi paketi, pamene wa ku Ceylon, Cinnamomum verum, ali ndi wochepa kwambiri. Masupuni 2 ang'onoang'ono ndi pafupifupi magalamu 5, kutanthauza coumarin pafupifupi 15 mg, pamene malire a munthu wa makilogalamu 62 ndi 6.2 mg. Choncho sinamoni ankafotokoza bwino ALT ya 142, koma chiwindi chimene chikupangabe albumin mokwanira ndipo bilirubin yake ili bwino sichinawonongeke mpaka kufikitsa INR pa 8.4.

Thumba la mankhwala

Ndinapempha mwana wawo wamkazi, amene ankawadikirira, kuti abweretse chilichonse chimene amayi ake anamwa m'mwezi wapitawo, ngakhale mapepala opanda kanthu. Madzulo anabwera ndi kathumba ka pulasitiki momwe munali warfarin, metformin, paketi ya sinamoni yosalembedwa mtundu wake, mapepala a Panado (paracetamol) atatu otha, ndi kaenvulopu koyera kolembedwa ndi bolopeni kuti Flagyl 400, katatu pa tsiku, masiku 7. Nditawaonetsa kaenvulopuko, mayiwa anati, "Amenewo ndi a dzino, bambo. Munandifunsa za mankhwala a mtima ndi azitsamba, a dzino ndinamaliza kale." Sanabise kanthu, anayankha funso limene anafunsidwa.

Dzino lachibwano la kumanzere linayamba kupweteka pakati pa Meyi. Anapita pa kiliniki ina yolipira, ndipo kumeneko anawapatsa metronidazole, amene ndiye Flagyl uja, ndi kuwauza kuti abwerenso kutupa kukatha kuti alizule. Buku la INR analisiya kunyumba, ndipo sanafunsidwe za mankhwala ena. Anamaliza mapiritsiwo masiku 3 asanabwere kwa ife. Mayiwa ankadziwa kuti Brufen ndi diclofenac n'zoletsedwa kwa iwo, choncho ankamwa Panado mapiritsi 2 katatu kapena kanayi pa tsiku kwa masiku 10. Chifukwa cholephera kutafuna anasiya nsima ndi ndiwo, n'kumangomwa phala ndi tiyi, pamene masiku onse mbale yawo sisowa repu, nkhwani kapena bonongwe.

Apa panali zifukwa zitatu zokwanira, ndipo zonse zinagwirizana ndi nthawi. Metronidazole amachedwetsa kuchotsedwa kwa S-warfarin, mbali yamphamvu ya mankhwalawa imene imaphwanyidwa ndi enzyme ya m'chiwindi ya CYP2C9, ndipo INR imakwera m'masiku ochepa. Paracetamol wa magalamu 3 kapena 4 pa tsiku kwa masiku angapo amakwezanso INR, mfundo imene ambiri timaiiwala chifukwa tinazolowera kumuona ngati wosavuta. Kusiya masamba kunachotsa vitamini K amene mlingo wa 5 mg unayezedwerapo zaka zonsezi.

Tinafunsanso za mankhwala a makoswe, popeza inali nthawi yokolola ndipo m'nyumba zambiri mumakhala matumba a chimanga ndi nyambo zothira brodifacoum kapena bromadiolone, amene ndi a m'banja lomwelo la 4-hydroxycoumarin koma amakhala m'thupi kwa masabata kapena miyezi. M'nyumba mwawo munalibe, ndipo magazi anatsimikiza: m'mawa mwake INR inali 4.3, tsiku lachitatu 2.9, ndipo sinakwerenso. Munthu amene wadya brodifacoum sangachire ndi 2 mg ya vitamini K. INR yake imabwereranso m'mwamba ndipo amafuna milingo yaikulu kwa nthawi yaitali. Warfarin anayambidwanso pa 5 mg pomwe paja, fayilo inakonzedwa, ndipo sinamoni tinawauza kuti asiye chifukwa cha chiwindi.

Ndikufuna anzanga aone chimene chikanachitika fayiloyo ikanakhala monga inalembedwera poyamba. Dzino linali lisanazulidwe. Mayiwa akanabwerera ku kiliniki ija ali ndi mtima wakuti vuto linali sinamoni ndipo latha, akanapatsidwanso metronidazole, mwina dzinolo n'kuzulidwa INR isanayezedwe. Yankho looneka ngati la sayansi likapezeka msanga, kufunsa kumathera pomwepo, ndipo mankhwala azitsamba ndi osavuta kuwaimba mlandu chifukwa sanatuluke m'manja mwa wachipatala. Komatu mankhwala amene amakweza INR kwambiri ali pa mashelefu athu omwe: metronidazole, cotrimoxazole, fluconazole, miconazole wopaka m'kamwa, amiodarone. Rifampicin wa TB amachita zosiyana, amaitsitsa kwambiri.

Ngozi yachiwiri

INR ya sabata yoyamba atatuluka inali 2.7, ya sabata yachiwiri 3.0. Pa sabata yachisanu inatuluka 1.5. Mayiwa analibe vuto lililonse looneka, kupuma kunali bwino, manja ndi miyendo zinali ndi mphamvu, valavu inkalira bwino, koma kwa valavu yachitsulo ya mitral nambala imeneyi ndi yoopsa mofanana ndi 8.4 ija. Nditawerenga mapiritsi otsala m'botolo ndinapeza kuti ndi ochuluka kuposa mmene anayenera kukhalira.

Mwana wawo uja ndi amene anafotokoza. Atamva mawu akuti coumarin m'wodi, anawafufuza pa foni, ndipo anapeza mndandanda wautali wa zakudya zimene akuti zili ndi coumarin: mandimu, malalanje, karoti, selari, ngakhale chinangwa ndi nsawa. Anapezanso kuti warfarin ndi coumarin ndipo ndi mankhwala a makoswe. Bambo a m'nyumbamo atamva zimenezi anati mkazi wawo wakhala akumwa poizoni zaka 8, ndipo ndi poizoniyo amene anawatulutsa magazi. Banja linagwirizana kuti popeza coumarin ali paliponse m'zakudya, mayiwa azimwa warfarin modumphitsa tsiku kuti asachuluke m'thupi. Anachita zimenezi chifukwa chowakonda, ndipo maganizo awo anayenda njira yomweyo imene anayenda a m'wodi pa tsiku loyamba.

Dokotala anayambitsa enoxaparin, jakisoni woletsa magazi kuundana, wa 60 mg kawiri pa tsiku pamodzi ndi warfarin wa 5 mg, mpaka INR inapitirira 2.5 masiku awiri otsatizana, ndipo echo, sikani ya mtima, inaonetsa valavu ikutseguka bwino popanda chotupa cha magazi. Ntchito yaikulu inali yokambirana ndi banja, ndipo ndinapempha kuti bambowo abwere. Ndinawauza kuti coumarin ndi chiwongo, monga Phiri kapena Banda, ndipo kumva chiwongo cha munthu sikukuuza ngati ndi mlimi, mphunzitsi kapena msilikali. Kenaka tinatenga mndandanda wa pa foni uja n'kuyenda nawo chinthu chimodzi chimodzi.

Za m'mandimu ndi selari ndi furanocoumarin, monga psoralen ndi bergapten. Ntchito yawo yodziwika ili pa khungu: madzi a chikopa cha ndimu akakhala pa dzanja munthu n'kukhala padzuwa, pamatuluka matuza ngati wapsa, kenaka mabala akuda okhalitsa, ndipo sizikhudza kuundana kwa magazi. Furanocoumarin wa m'manyumwa, bergamottin, amatseka enzyme ya CYP3A4 m'matumbo ndi kukweza mankhwala monga simvastatin ndi nifedipine, koma S-warfarin sadutsa njira imeneyo. Za m'chinangwa ndi scopoletin, amene amachuluka chinangwa chikakumbidwa ndipo ndiye amayambitsa mizere yakuda ija imene imaoneka mkati pakapita masiku 2 kapena 3. Mayi aliyense wogulitsa chinangwa amaidziwa mizereyo, ndipo bambowo anaizindikira nthawi yomweyo. Za nsawa ndi nkhani ina: aflatoxin amawerengedwa m'gulu la difuranocoumarin, koma sachokera ku chomera, amapangidwa ndi chuku cha Aspergillus flavus pa nsawa ndi chimanga zosauma bwino, ndipo ngozi yake ndi khansa ya chiwindi. Kuno kwathu kumene nsinjiro imalowa pafupifupi m'ndiwo zonse, ndinawalangiza kusankha nsawa ndi kutaya zofota ndi zachuku, banja lonse, popanda kuzilumikiza ndi warfarin.

Pa funso la makoswe sindinakane, chifukwa ndi zoona, ndipo wodwala akadzazindikira yekha kuti tinamubisira sadzatikhulupiriranso. Ndinafotokoza kuti khoswe amafa chifukwa amadya mlingo waukulu wopanda womuyeza, pamene mlingo wa mayiwa umayezedwa ndi INR, ndipo buku lawo likuonetsa zaka 8 za valavu yoyenda bwino. Bambowo anafunsa kuti, "Nanga adokotala, masamba aja adye kapena asadye?" Ndinayankha kuti adye monga mwa masiku onse, nkhwani, kholowa, chigwada, repu, mfutso m'chilimwe, ndipo chofunika ndi kusasintha mwadzidzidzi, akadwala n'kulephera kudya masiku 3, abwere kudzayezetsa osadikira tsiku lawo.

Kwa anzanga, chimene ndatengapo pa gawoli ndi chakuti mawu amene timalankhula pamutu pa bedi amapita kunyumba ndi wodikirira, ndipo masiku ano amakafufuzidwa pa foni. Ngati titchula coumarin kwa wodwala wa warfarin, titchule mtundu wake ndi chiwalo chimene amakhudza. Pa sinamoni tinene kuti wambiri amavutitsa chiwindi, basi. M'mafayilo ndi bwino kulemba vitamin K antagonist pofotokoza warfarin, chifukwa dzina limeneli limanena chimene mankhwalawo amachita, ndipo silingasokonezeke ndi zokometsera za kukhitchini. Pofunsa mbiri ya mankhwala, funso lakuti "mukumwa mankhwala anji" silikwanira. Tifunse za dzino, za chifuwa, za m'mimba, za kumaliseche, za chilichonse chimene chinachizidwa kwina m'masabata 4 apitawo, ndipo tipemphe thumba. Zimenezi sizikutanthauza kuti zitsamba zonse n'zosalakwa pa warfarin, popeza St John's wort amatsitsa INR ndipo zina zimasokoneza ma platelet. Chimene ndikukana ndi kugamula mlandu pongomva dzina la gulu la chinthucho.

Dzino ndi zotsatira

Dzinolo linazulidwa kumapeto kwa Julayi pa chipatala chathu, warfarin osaimitsidwa, chifukwa kuzula dzino limodzi kumatheka bwino INR ikakhala pansi pa 4. Inayezedwa m'mawa wa tsikulo ndipo inali 2.8. Anapatsidwa amoxicillin wa magalamu 2 ola limodzi asanazulidwe pofuna kuteteza valavu ku endocarditis (tizilombo tolowa mkati mwa mtima), bala linasokedwa, ndipo analuma kansalu konyowetsedwa ndi tranexamic acid, mankhwala othandiza kuti magazi asiye kutuluka. Magazi anasiya tsiku lomwelo. Paracetamol tinawalola kwa masiku 2 okha, ndipo INR ya sabata yotsatira inali 3.0.

ALT inatsika kufika pa 61 patapita masabata 6 atasiya sinamoni, ndipo mu Seputembala inali 29. Kutsika kotereku kukugwirizana ndi zimene zimadziwika za coumarin wa cassia, kuti chiwindi chimabwerera mwakale munthu akasiya. Shuga sanakwere atasiya sinamoni, ndipo mlingo wa metformin unakhala womwewo. Tinatumiza lipoti la kusagwirizana kwa metronidazole ndi warfarin ku ZAMRA, bungwe loyang'anira mankhwala mu Zambia, tinalemberanso kalata kiliniki imene inapereka mankhwalawo, yofotokoza zimene zinachitika ndi kupempha kuti azifunsa za warfarin asanalembe metronidazole. Pachikuto cha buku la INR tinalembapo m'Chichewa ndi m'Chingerezi mayina a mankhwala asanu aja oyenera kupewa kapena kuyezetsa INR akaperekedwa, ndipo mayiwa amayenda nalo m'chikwama cha ndalama za pa msika. INR zawo zitatu zomaliza zinali 2.9, 3.2 ndi 2.7, ndipo tsopano amayezetsa kamodzi pa masabata 4.